Njovu ya makasu: kope la ntchito yanga ku Kasungu

6 Meyi

Lero ndalandira theka la ndalama, ndiye tinene kuti ntchito yayamba. Bambo wina amene akumanga malo ogona alendo m'mphepete mwa msewu wa M1, chakufupi ndi pa boma, akufuna njovu yachitsulo yoima pageti. Akuti isakhale kanjovu ka patebulo, koma yoti munthu wodutsa pa minibasi apotoze khosi. Tapangana miyezi itatu.

Ine nsima yanga imachokera ku mageti, mafelemu a mawindo, mabagala ndi ngolo zothyoka ekiselo. Ziboliboli ndimapanga madzulo makasitomala atatha: nkhanga za masipoko a njinga, atambala a malata otsala. Chachikulu chotere sindinachigwirepo, n'chifukwa chake ndagula kope ili. Ndikadzasokoneza, ndidzafuna kudziwa tsiku limene ndinayamba kusokoneza.

Chimodzi ndanena poyera: chitsulo chatsopano chikhala cha mafupa a m'kati mokha, zonse zooneka kunja zikhala zakutha. Bamboyo anavomera msangamsanga. Ndikuganiza kuti anamva ngati ndikumutsitsira mtengo.

10 Meyi

Ndinapita kwa Chulu, kwa atsibweni, kukaona phazi. Pazithunzi za pafoni njovu imaoneka bwino, koma chithunzi sichikuuza msinkhu. Munda wawo uli kufupi ndi malire a paki, ndipo chiyambire 2022, pamene njovu 263 zinasamutsidwa ku Liwonde n'kubwera nazo ku Kasungu National Park, alendo amenewa sasowa kumeneko. Kudimba, pamatope a pafupi ndi chitsime, panali mapazi a masiku atatu apitawo, ouma bwino ngati wina anachita kuumba.

Odziwa kulondola nyama amati ukayeza kuzungulira phazi lakutsogolo n'kuwirikiza kawiri, wapeza kutalika kwa njovu kufika paphewa. Ndinazunguliza chingwe cha khonje: mita imodzi ndi masentimita 10. Ndiye kuti mwini phazilo ndi wa mamita 2.2. Si chimphona ayi, mwina yaikazi, mwina mphongo yosakhwima. Msinkhu umenewo ndi umene nditsate. Phazi lakutsogolo n'lozungulira, lakumbuyo n'lotalikirako ngati dzira, ndipo pansi pake pali timing'alu ngati chidendene cha munthu amene sanavalepo nsapato.

Atsibweni anandipeza nditagwada pamatopepo.

"Mphwanga, anzako akuchezera kuthamangitsa zimenezi ndi zitini ndi moto, iwe ukuziyeza nsapato?"

Ndinawafotokozera. Anakhala chete, kenaka anandilozera pamene panali nzimbe ndi nthochi zawo. Ndinasowa choyankha.

Pobwerera kunyumba ndinaona makasu anayi akutha pansi pa nkhokwe, operepeseka mpaka kutsala ngati chikhatho. Ndinatola limodzi. Dothi lamchenga la kuno limadya khasu mwamtundu wake: silithyola makona, limangowaseteka pang'onopang'ono mpaka m'mphepete monse mutazungulira, mosalala ngati mwala wa mumtsinje. Ndili chigwirire khasulo ndinadziwa kuti khungu la njovu yanga likhala chiyani.

"Atsibweni, awa mundipatse."

"Kupatsa ayi, ugule. Anyamata a sikirapu amadutsa pano ndi sikelo yawo."

Ndinagula.

18 Meyi

Sabata yonse yathera kusaka. Kasungu ali ndi manda a zitsulo ambiri kuposa mmene anthu amaganizira. Maesiteti a fodya wa fulu a m'zaka za m'ma 1970 anasiya mapaipi a m'mabalani, madisiki a pulawo, matcheni, majeke omangira mabelo ndi mathirakitala omera udzu mu injini. Zambiri anasesa kale ogula pakilo, koma ukalankhula bwino ndi mwini malo umapezabe. William Kamkwamba wa kwa Wimbe, pomanga makina ake amphepo opangira magetsi ali mnyamata wa zaka 14, ankatola zipangizo m'dzala la mtundu womwewu, anthu n'kumamuyesa wamisala. Ine sandiyesa wamisala. Amandiyesa wolemera, ndipo mtengo umakwera ndikangotsika panjinga.

Pakali pano ndili ndi madisiki 9, mapaipi a m'balani osiyana kukula, madiramu anayi a mabuleki a lole, masipuling'i awiri, sefa za chigayo zong'ambika, ndi makasu 140. Powerengera ndikuona kuti makasu afunika oposa 400. Ndauza amayi ogulitsa pamsika kuti afalitse uthenga kumidzi kwawo.

22 Meyi

Mnyamata amene akuphunzira ntchito pano amaganiza kuti chitsulo ndi chitsulo. Lero ndinamuimika pagulayinda, ndinatseka chitseko kuti mude, n'kumagusa chidutswa chimodzichimodzi. Chitsulo chofewa cha mageti chimaponya nthethe zazitali, zachikasu, zowongoka. Sipuling'i ya lole ndi disiki ya pulawo zimaponya nthethe zothetheka kumapeto ngati tinyenyezi, chifukwa n'zouma, zokhwima. Kasiti, chitsulo chosungunula n'kuthira m'chikombole, ngati wa madiramu a mabuleki aja, nthethe zake n'zazifupi, zofiira mozimirira, zongogwera pafupi. Dzimbiri limabisa zonsezi, ndiye ndi maso okha sungadziwe. Tasanja milu itatu n'kulemba ndi choko.

Ndamuuzanso za mapaipi a madzi okutidwa zinki. Ukawotcherera osayamba wapala, amatulutsa utsi woyera umene usiku umakugwetsa ngati malungo. Anzathu ena amati ingomwa mkaka. Mkaka ndi wabwino, koma sulowa m'mapapo. Pala zinkiyo, gwirira panja.

29 Meyi

Magetsi anathima kuyambira m'mawa, ndiye ndakhala pa benchi n'kumawerenga pafoni za munthu amene ndimabwererako kawirikawiri, David Smith wa ku America. Chimene chimandikoka kwa iye n'chakuti anayamba ngati ife. Anabadwa mu 1906 ku Indiana, ndipo mu 1925 anagwira ganyu pa fakitale ya magalimoto ya Studebaker, kumene anakumana ndi ntchito yolumikiza zitsulo. Anaphunzira kujambula ku New York, koma ataona zithunzi za ziboliboli zachitsulo za amisiri a ku Spain, Picasso ndi Julio González, anazindikira kuti luso la kufakitale lija likhoza kupanga zimenezo. Cha mu 1933 anayamba kuwotcherera ziboliboli zake, kenaka anapempha kangodya pa shopu ya osula yotchedwa Terminal Iron Works ku Brooklyn. Nthawi ya nkhondo yachiwiri ankawotcherera akasinja ndi masitima apamtunda ku Schenectady. González naye luso lowotcherera ndi gasi analitola ku fakitale ya Renault ku France mu 1918. Onse awiri manja awo anayamba adetsedwa ndi ntchito ya malipiro.

Smith anakhazikika kumudzi, ku Bolton Landing, ndipo m'ma 1950 anapanga gulu la ziboliboli zimene anazitcha Agricola, mawu a Chilatini otanthauza mlimi, kuchokera ku zipangizo zakutha za kumunda. Koma nkhani imene imandisowetsa tulo ndi ya 1962. Anamuitana ku Italy kuti akapange chinthu chimodzi kapena ziwiri za chionetsero cha ku Spoleto, n'kumupatsa mafakitale achitsulo otsekedwa ku Voltri, pafupi ndi Genoa, ndi amisiri omuthandiza. M'masiku 30 anapanga ziboliboli 27. Mbano zazikulu zogwirira chitsulo chamoto, mawilo, zidutswa zotsala pamakina, zonse ankangotola pansi. Anafa pangozi ya galimoto mu 1965.

Masiku 30, zinthu 27. Ine masiku 23 apita ndipo ndili ndi milu itatu ya dzimbiri ndi chingwe cha khonje. Komabe ndatengapo chinthu chogwira ntchito: iye ankayala zidutswa pansi popakidwa zoyera, n'kumazisuntha mpaka zitagwirizana, kenaka n'kuzigwiriza. Ine ndapaka laimu pasimenti, ndajambula njovu ya chammbali pamsinkhu wake weniweni, ndipo mafupa ndiyalira pamenepo.

7 Juni

Mafupa aima. Ndagwiritsa paipi yatsopano yochindikala pamsana ndi miyendo, malodi owotcherera a 6013 a mamilimita 3.2. Poyamba zinkaoneka ngati ng'ombe yaikulu, ndipo mnyamata wanga sanabise kuseka. Vuto linali msana: ndinauwongola. Njovu yathu ya kuno msana wake umalowa pakati ngati chishalo, phewa ndi chiuno n'kukwera. Chachiwiri, miyendo yakumbuyo ndinaipinda ngati ya ng'ombe, chonsecho bondo la njovu lili mmunsi ndipo limapindikira kutsogolo ngati la munthu. Ndadula, ndakonza. Masiku awiri atayika.

12 Juni

Kulakwitsa kwanga, ndipo ndinkadziwa. Madiramu a mabuleki ndi ofanana ndendende ndi phazi lija ndinayeza, ndiye chimwemwe chinandipitirira, n'kuwawotcherera ku miyendo ndi malodi wamba, m'mawa wozizira wa Juni. Ndili kumwa tiyi ndinamva "thii", kaphokoso kakang'ono ngati kapu yagalasi yathiridwa madzi otentha. Kasiti wang'aluka m'mbali mwa msoko. Pofika masana atatu mwa anayi anali atang'aluka.

Kasiti sapirira kutentha mwadzidzidzi n'kuzizira mwadzidzidzi. Amafuna malodi a nikelo, kapena umutenthe yense kaye, ukatha umukwirire kuti azizire pang'onopang'ono. Malodi a nikelo ndi odula, ndipo pa boma pano sapezeka tsiku lililonse. Ndinakhala n'kumayang'ana diramu lotsalalo mpaka ndinaona chimene chinali pamaso panga chiyambire: lili kale ndi mabowo a mabawuti a wilo. Ndadula mbale zachitsulo chofewa, ndaziwotcherera ku miyendo, ndazimanga ku madiramu ena ndi mabawuti. Moto sunakhudze kasiti ngakhale pang'ono. Diramulo linapangidwa kuti lizimangidwa ndi mabawuti, ine ndi amene ndinkalikakamiza zina. Phindu lina n'lakuti ponyamula mapazi adzatha kumasulidwa.

16 Juni

Kunabwera mnyamata wina madzulo ndi thumba: ndodo zonyezimira zosachita dzimbiri, ndi chogwirira chachitali. Mtengo wake wotsika mokayikitsa. Ndinangoona kamodzi.

"Achimwene, izi ndi za mjigo. Mudzi uti ukumwa madzi a m'dambo lero?"

Akuti anatola. Ndinamuuza atole njira. Pantchito ya zitsulo zakutha vuto ndi limeneli: ukayamba kugula, zinthu zamoyo zimayamba kufa usiku kuti zikupeze. Tsopano khasu lililonse ndikugula kwa mwini wake, kapena kwa munthu amene ndikudziwa kwawo.

21 Juni

Mnyamata wanga sanabwere dzulo. Anagwiriza makasu tsiku lonse akungotsinzina m'malo mophimba nkhope ndi galasi lakuda, ati limachedwetsa. Usiku maso anali ngati wathiramo mchenga, misozi chuchuchu. Amayi ake anamuika mbatatesi zoduladula pazikope. Ndinapita naye kuchipatala, anamupatsa mankhwala a m'maso. Lero wabwera atavala chigoba kuyambira pageti.

"Abwana, sindidzayambiranso."

Tonse tinanenapo mawu amenewo.

5 Julayi

Makasu afika 380 ndipo khungu lakuta mbali yakumanzere. Apa ndiye ntchito yakoma, ndipo ndi pamene ikuchedwa.

Ndinayamba ndi kuwayala mondondozana ngati malata, zinaoneka ngati nsomba. Ndinachotsa. Khungu la njovu silitsata mzere umodzi: paphewa makwinya amazungulira, pamimba amalendewera, pamwendo amapingasa. Tsopano khasu lililonse ndikuliyesa malo atatu kapena anayi lisanakhale. Aakulu, osatha kwambiri, akupita paphewa ndi pantchafu. Operepeseka, opyapyala ngati tsamba, akupita pakhosi ndi kuseri kwa makutu, chifukwa amapindika ndi nyundo yokha. Pa opyapyalawa ndatsitsa moto n'kusinthira ku malodi a 2.5, apo ayi ukungoboola.

Ukagwira makasu mazana ndi manja umayamba kuwadziwa eni ake. Ena anadyeka mbali yakumanja, ena yakumanzere, malinga ndi mmene munthuyo ankaimira pamzere. Lina linang'aluka, mwini wake n'kuliboola tiwiri, n'kulisoka ndi waya. Ena ndi a kusitolo, chizindikiro cha fakitale chikuonekabe, ena ndi osulidwa kumudzi kuchokera ku disiki ya pulawo, ndiye kuti pa njovu pano akuyamba moyo wachitatu. Msomali wolowa mu mpini ndikuudula, koma zipsera zonse ndikuzisiya.

Kusula si kwachilendo kuno. M'paki momwemo mukadali ng'anjo zimene makolo ankasungunuliramo miyala n'kutulutsa chitsulo, ndipo chambiri chinkathera ku makasu omwewa. Kwa anansi athu ku Mozambique, nkhondo itatha mu 1992, Bishopu Dinis Sengulane ndi a mipingo anayambitsa mu 1995 ntchito yosinthanitsa mfuti ndi makasu ndi zipangizo zina, ndipo amisiri ngati Gonçalo Mabunda anadula mfutizo n'kupanga mipando yachifumu. Mpando wotero ukaubisa kuti unali mfuti, watsala mpando woipa kukhalapo. Ndikuganiza kuti njovu yanga ili chimodzimodzi.

14 Julayi

Makutu andivuta sabata yathunthu. Ndinadula madisiki a pulawo, ndinawatentha pa makala kaye, ndinawawotcherera n'kuwakwirira mu phulusa kuti asang'aluke. Msoko unagwira bwino, koma khutu limodzi linkafuna anthu awiri kulinyamula, ndipo mutu unayamba kuweramira kutsogolo. Ndinachotsa.

Sefa za chigayo zija ndinkafuna kuzitaya ndi zimene zapulumutsa. N'zopepuka, zimapindika, ndipo zinang'ambika kale m'mphepete monga makutu a njovu yokalamba amang'ambikira m'tchire. Ndazipatsa mkombero wa waya wochindikala. Cha m'ma 4 koloko dzuwa likapendeka limadutsa m'timabowomo n'kugwetsa timadontho towala paphewa. Zimenezo sindinazikonze. Ndinangozipeza ndikubwera kuchokera kogula malodi, ndipo ndinaima pageti kanthawi ndithu.

Madisiki apita pachipumi ndi m'matako.

20 Julayi

Chitamba: mphete 46 zodula ku mapaipi a m'balani, kuyambira yaikulu kutsikira yaing'ono, zovekedwa pa ndodo yopinda. Chitamba chilibe fupa, ndiye chisaoneke chouma. Mphete iliyonse ndaipendeketsa pang'ono kusiyana ndi inzake. Kunsonga njovu ya ku Africa ili ndi tizala tiwiri, ndaikapo milomo ya pulayazi yakutha. Minyanga ndi masipuling'i a lole. Maso ndi timipira ta bering'i, ndipo ndinafuna kuika akuluakulu, koma diso la njovu n'laling'ono kuposa mmene mtima umafunira.

27 Julayi

Mwini ntchito anabwera. Anazungulira kawiri, anajambula ndi foni, kenaka anati, "Amisiri, mwagwira ntchito. Ndiye mumata liti mipatayi? Penti yake ikhale yotuwa, ioneke ngati yeniyeni."

Ndinawauza kuti sindimata ndipo sindipenta. Ndipala ndi bulashi yawaya, ndipake vanishi woletsa dzimbiri kupitirira, makasu aoneke kuti ndi makasu.

"Alendo anga aziona zakutha pageti?"

"Bwana, njovu yotuwa ya simenti aliyense akhoza kukuumbirani. Iyi ili ndi minda 400 pathupi."

Sanakhutire. Akuti aganize, ndipo ndalama yotsala aiona akaganiza. Kunena zoona, mfundo yawo si yopusa: mvula ya kuno siseka ndi chitsulo, ndipo vanishi amafuna kubwereza chaka ndi chaka pamene penti yabwino imapirira. Ngakhale Smith uja zina ankazipenta mitundu yowala, moti atamwalira panabuka mkangano waukulu pamene woyang'anira chuma chake anachotsa penti pa zina. Ndiye sindinganene kuti penti ndi tchimo. Koma pa iyi ayi. Ndaboola timabowo pansi pa mimba ndi m'mapazi kuti madzi asamaime m'kati, chifukwa chitsulo chimaolera pamene madzi agona.

3 Ogasiti

Atsibweni anatsika pano pochokera ku msika wa fodya ku Chinkhoma. Sanapereke moni kwa njovu. Anakhala pa benchi, anamwa madzi, anadandaula za mitengo. Kenaka anaimirira n'kuyamba kuyenda m'mbali mwake pang'onopang'ono, dzanja likusisita khasu limodzilimodzi, ngati munthu wofuna mbuzi yake pa msika.

Anaima pamimba, chakumanzere, n'kuwerama. Khasu lawo lili ndi kamphako kamene anasema ndi tupa kuti lisasokonezeke pa ganyu.

"Ili ndi langa."

"Eya, atsibweni."

"Unachita dala kuliika pamimba?"

Sindinachite dala, linangokwana pamenepo, ndipo ndinawauza choncho. Anagogoda ndi chala, chitsulo chinalira.

"Lakhala pamalo pake. Chimanga chimene linalima chinalowa momwemu."

Anafunsa ngati atatu enawo alipo. Tinawafuna limodzi, tinapeza awiri. Lachinayi mwina lili kuseri kwa khutu, kumene munthu sangaone popanda makwerero.

9 Ogasiti

Mwini ntchito watumiza uthenga: vanishi, koma mvula yoyamba ikadzaonetsa dzimbiri lotsikira pasimenti yawo, ndidzapenta ndi ndalama zanga. Ndavomera. Tapala masiku atatu, tapaka kawiri. Mtundu watuluka wofiirira ngati dothi la katondo likanyowa.

Lole ibwera Lachinayi ndi tcheni buloko yokwezera zolemera, ndipo anyamata asanu ndi mmodzi a pa depoti avomera kuthandiza. Mapazi timasula. Madzulo ano ndinayeza geti la shopu yanga, limene ndinapanga ndekha zaka zapitazo: mamita 1.8. Njovu, kuchokera nsonga ya khutu kufika nsonga ya linzake, ndi mamita 2.3. Makutu ndinawawotcherera, sindinawamange ndi mabawuti. Mawa m'mawa ndikalankhula ndi eni nyumba za kugumula mzati umodzi wa mpanda.